Za Apolisi ndi Milandu ya Mapangano ku Nkhunga

Iye amene ayenda pa mseu wa m'mbali mwa nyanja kucokera ku Nkhotakota kulinga kumpoto, akaoloka mtsinje wa Bua ayamba kuona minda ya nzimbe, ndipo pofika ku Dwangwa maso ace sapeza polekezera mindayo. Pomwepo, m'dziko la Mfumu Kanyenda, pali malo dzina lace Nkhunga, pamene Boma linamanga nyumba ya apolisi ndi bwalo la milandu. Anthu a kumeneko, Acewa ndi Atonga, ndiwo alimi ndi asodzi, ndipo moyo wao uli wa mapangano masiku onse: wina abwereka khoka, wina akongola feteleza, wina apereka dimba lace kuti alimemo nzimbe. Tsono pangano likasweka, ambiri a ife m'dziko muno sitilinga ku bwalo, koma tithamangira kwa apolisi, kuti mnzathu agone m'citolokosi kufikira atabweza. Ndipo amene agonamo aturuka ndi kudandaula kuti anamzunza popanda mlandu. Mwezi uno tifuna kulondola mapazi a mkhalidwe umenewu, tione kumene unacokera, pakuti suli wa dzulo ai.

Kale, Azungu asanafike, mlandu wa mangawa unali wa pabwalo. Munthu akakongola mbuzi, kapena makasu, kapena nsaru, panali mboni zoona ndi maso. Ndipo akalephera kubweza, mwini cuma anapita kwa mwini mbumba wa wokongolayo, ndiye mtsibweni wace, nakamba naye. Zikakanika pamenepo, nkhani inakwera kwa mfumu ya mudzi, ndipo akuru anafunsa mbali zonse ziwiri pamaso pa anthu. Makolo anati mlandu suola. Kunena kwace nkuti mangawa akhoza kudikira ngakhale zaka zambiri, ndipo palibe cifukwa cogwirira nthungo lero lomwe.

Koma tisanamize ana athu kuti zonse za kale zinali zokoma. Panalinso mwambo wa cikole ca munthu. Mbumba yosowa cobweza inapereka mwana, akhale m'nyumba ya mwini cuma kufikira acibale ace atamuombola. Masiku a mtendere mwanayo anabwerera kwao. Koma m'zaka za m'ma 1840 anafika ku Nkhotakota Salim bin Abdallah, Jumbe woyamba, ndi zombo zace zooloka nyanja, zonyamula minyanga ndi akapolo opita ku Kilwa. Ndipo kuyambira pamenepo munthu anakhala ndi mtengo wace pa dooko. Amalonda a nthawi imeneyo anakongoza nsaru, mikanda ndi onga, ndipo anali ndi anyamata a mfuti okatenga zao. Cikole cimene kale cinadikira ciombolo tsopano cinakwera combo. David Livingstone anaona malonda amenewa ndi maso ace pofika ku Nkhotakota m'caka ca 1861, ndiponso m'caka ca 1863. Apa ndipo tiyamba kuona munthu wa cida alikuima pakati pa wokongoza ndi wokongola, ndipo waima mbali ya mwini cuma.

M'caka ca 1889 Harry Johnston anapangana pangano ndi Jumbe wacitatu, ndipo m'caka ca 1891 dziko linalowa m'manja mwa Angelezi. Jumbeyo atamwalira m'caka ca 1894, wolowa m'malo mwace sanakhalitse. Anamcotsa m'caka ca 1895 namtumiza ku Zanzibar, ndipo Boma linakhazikika pa Kota Kota, monga Azungu analembera dzinalo. Malonda a akapolo anatha, ndipo pa ici tiyenera kuyamika. Koma panabuka mangawa atsopano amene munthu ali yense anapezeka nao osakongola kanthu, ndiwo msonkho wa nyumba, umene m'caka ca 1894 unali masilingi 3. Otolera msonkhowo anali asikari ndi amesenjala a pa Boma, omvera Bwana wa Boma yekha, ndipo apolisi a masiku amenewo ndi omwewo. Mbiri icitira umboni kuti m'madera ambiri anatentha nyumba za osakhoma, nagwira akazi ao kukawasunga pa Boma kufikira amuna atabwera ndi ndarama. Taonani, cikole cija cabweranso, koma tsopano cabvala yunifomu.

Pofika caka ca 1902 Boma linali litakweza msonkho kufika masilingi 6, koma linati munthu amene aonetsa kalata yakuti wagwira nchito kwa Mzungu mwezi umodzi akhome theka lokha. Lamulo limeneli linakhala kufikira caka ca 1921. Tiliyang'anitse bwino, pakuti m'menemo muli muzu wa nkhani yathu. Kulembana nchito ndiko pangano la anthu awiri, ndipo pangano liyenera kucokera m'kufuna kwa onse awiri. Koma apa dzanja la Boma linali pa msana wa mmodzi kumkankhira ku khomo la mnzace. Amuna ambiri a m'mbali mwa nyanja, poona malipiro ocepa a kuno, analawa ulendo wa pansi kunka ku Halale ndi ku Joni, koma kumeneko anapeza lamulo lina loposa kuwawa.

Lamulolo ndilo la bwana ndi wanchito wace. Ku Cape analikhazika m'caka ca 1856, ku Southern Rhodesia m'caka ca 1901, ndipo Nyasaland nayenso anali ndi malamulo ace a mtundu womwewo. Mwa malamulo amenewa, wanchito wocoka asanatsirize tikiti yace anayesedwa wothawa, ndipo apolisi anamsaka, woweruza namlipitsa kapena kumtsekera m'ndende. Koma bwana wobweza malipiro m'thumba sanagone m'ndende kawirikawiri. Wanchito anayenera kukadandaula yekha kwa Mzungu mnzace wa bwanayo. Pangano linali limodzi, koma miyeso inali iwiri. Codabwitsa nciti? Ku England komweko, kumene kunacokera malamulowa, analeka kumanga wanchito cifukwa ca kuswa pangano m'caka ca 1875, Johnston asanaponde dziko lino. Cimene anaciyesa cosayenera kwa mmisiri wa ku Manchester anaciyesa coyenera kwa mtengatenga wa ku Kota Kota. Bungwe la maiko loona za nchito, la ku Geneva, linapangana m'caka ca 1939 kuti zilango zotere zithe pang'ono pang'ono, ndipo m'caka ca 1955 linati zithe msanga. Koma ku South Africa zinafafanizidwa m'caka ca 1974.

Kumwera kwa dziko lathu kunali goli lina, ndilo thangata. Mau amenewa kale anali okoma, pakuti kuthangata ndiko kuthandiza mnansi pa dima, kapena kulimira mfumu mwa ufulu. Koma pa minda ya Azungu ya ku mapiri a Shire, thangata anasanduka nchito yolipira malo amene munthu wamangapo nyumba, ngakhale makolo ace anagona m'nthaka yomweyo. Nalonso linayesedwa pangano la mwini munda ndi wokhalapo, koma linasungidwa ndi cikoti ca kapitao, ndipo pambuyo pa kapitao panaima Boma. Pa minda ya A. L. Bruce ku Magomero, imene anayang'anira William Jervis Livingstone, madandaulo anacuruka osapeza khutu lowamva, ndipo m'mwezi wa January 1915 anthu a John Chilembwe anamupha. Sitiyamikira kukhetsa mwazi. Tingoti pamene wosauka aona kuti bwalo ndi msilikari ali mbali imodzi ndi womsautsa, mtima wace ufuna njira zina, ndipo njirazo ziononga iye ndi ana ace omwe.

Nkhondo yaikuru itatha, Boma linakonza apolisi mwatsopano, ndipo m'caka ca 1921 linakhazika gulu limodzi la Nyasaland Police, likuru lace ku Zomba. Kunali kukonza ndithu, pakuti tsopano wapolisi anaphunzitsidwa nchito yace. Koma lamulo la minda la caka ca 1928 linalola mwini munda kucotsa mabanja kufikira limodzi mwa magawo 10 pa zaka 5 ziri zonse, osanena cifukwa. Ndipo wokana kucoka anakomana ndi mphamvu ya Boma. M'caka ca 1946 Sir Sidney Abrahams anafufuza za malo nalangiza kuti Boma ligule minda ina ya Azungu. Lisanathe kutero, m'caka ca 1953 kunabuka cipolowe cimene cinayambira ku Thyolo, ndipo anthu 11 anafa. Thangata anatha mwa lamulo m'caka ca 1962. Zaka zonsezi mtundu wathu unalikuphunzira phunziro limodzi loipa, lakuti mwini cuma akafuna zace aitana wa yunifomu. Ndipo phunziro lolowa ndi cikoti silituruka msanga m'mutu.

Tsono tibwerere ku Nkhunga. Thangata sanafike ndi mphamvu ku nyanja ya kwathu kuno, pakuti minda ya Azungu inali yowerengeka, ndipo anthu analima mpunga, cinangwa ndi cimanga m'madambo mwao. Zinthu zinasintha ufulu utabwera. Lamulo la malo la caka ca 1965 linaika malo a makolo m'manja mwa Pulezidenti, ndipo nduna inakhoza kuwabwereketsa kwa makampani. Kampani ya Lonrho, imene inayamba kupanga shuga ku Nchalo m'caka ca 1966, inatsegula fakitale yaciwiri ku Dwangwa m'caka ca 1979, ndipo anthu a m'cigwa cimeneco anasamutsidwa kuti nzimbe zilowe. Masiku amenewo anali a cipani cimodzi, ndipo wodandaula anadandaulira m'mtima. Boma linakhazikanso bungwe la alimi ang'ono a nzimbe, Smallholder Sugar Authority, m'caka ca 1978. M'caka ca 1997 kampani ya Illovo inagula minda ya shuga ya Lonrho, ndipo pofika caka ca 2000 nchito ya bungwe lija inali itapita m'manja mwa Dwangwa Cane Growers Trust ndi kampani yace ya alimi.

Pangano la mlimi wa nzimbe liyenda motere. Nzimbe zothirira sizilimidwa m'timadimba tomwazika. Zifuna malo amodzi akuru osalazidwa, ndi ngalande zace. Cifukwa cace madimba a mabanja ambiri aphatikizidwa, nagawidwanso mwatsopano. Kampani ilima ndi mathirakitala, ipereka mbeu ndi feteleza, idula nzimbe ndi kuzinyamula kunka ku fakitale, ndipo zonsezi zilembedwa ngongole ya mlimi. Ndarama zikabwera, ayamba acotsa ngongoleyo, mlimi nalandira zotsala. Alipo amene anapindula nazo, namanga nyumba za malata, naphunzitsa ana ao. Ici ncoona, ndipo sitiyenera kucibisa. Koma pogawanso malo si onse amene analandira gawo, ndipo amene analandira sanakhoze kubzalamo cakudya monga kale.

Kuyambira ca m'ma 2006, pamene minda ya alimi ang'ono inalikukuzidwa ku Nkhunga ndi ku dambo la Kazilila, kunabuka mkangano waukuru. Mabanja ambiri anadandaula kuti malo ao anaperekedwa ndi mafumu iwo eni osabvomera, kuti mbeu zao zinagadulidwa ziri m'munda, ndi kuti pobwera olima nzimbe panali apolisi, kotero kuti wofuna kukana anacita mantha. Mbali inayo inanena kuti mafumu anabvomera m'malo mwa anthu ao, ndi kuti nzimbe ndizo citukuko ca dera lonse. Nkhaniyi inalembedwa m'manyuzipepala, inafufuzidwa ndi anthu ophunzira ndi mabungwe oona za malo, ndipo inakafika ku makhoti, kumene inatha zaka. Midzi inagawikana, acibale naleka kulonjerana, pakuti m'mbumba imodzi wina anali ndi munda wa nzimbe, wina analibe pokhasula.

Ife sitiri oweruza a mlandu umenewu, koma tione mafunso amene anali m'kati mwace. Malowa nga yani, a mfumu kapena a banja lolimapo? Kodi kubvomera kwa mfumu kumanga munthu amene sanafunsidwe? Wocotsedwa alandire ciani? Onsewa ndiwo mafunso a bwalo, ofuna mboni ndi kufatsa, ndipo palibe limodzi limene wapolisi anaphunzitsidwa kuyankha. Koma wapolisi akangoima m'mphepete mwa munda bwalo lisanaweruze, mlandu watha kale, ngakhale asanene kanthu, pakuti mkazi wamasiye wogwira khasu sangatsutsane ndi mfuti. Ndipo pali msampha wina. Mlimi wokwiya akabwerera m'dimba limene aliyesa lace, nazula nzimbe, tsopano ali ndi mlandu wa kuononga katundu; amgwira, ndipo funso loyamba lija, lakuti malowa nga yani, liiwalika. Umo ndimo mlandu wa pangano usandukira mlandu wa upandu, ndipo wosauka ndiye agwa m'mbunamo.

Tinenenso coona ca apolisi, kuti tisawanamizire. Pamene anthu atengerana zikwanje, kapena wina aika moto m'munda wa nzimbe, wapolisi ayenera kufika msanga, cifukwa moyo ndi katundu ziri m'manja mwace kuzisunga. Pamene khoti laweruza, ndipo mkuru wolanda katundu m'dzina la khoti afuna womperekeza, wapolisi ayenera kupita. Ndiponso pali kusiyana pakati pa wolephera ndi wonyenga. Iye amene alandira ndarama za ngalawa alikudziwa kuti alibe ngalawa, ameneyo ndi mbala, ndipo mlandu wace ngwa apolisi. Koma msodzi amene anakongola mafuta a injini, mwera nuomba mwezi wathunthu, usipa wosaoneka, sanabe kanthu, wangolephera. Nzeru ya wapolisi wabwino iri pa kusiyanitsa anthu awiriwa, ndi kuuza wodandaula wa mlandu waciwiriwo kuti njira yace ndi ya ku khoti.

Lero lamulo lanena poyera. Malamulo akuru a dziko la Malawi, a caka ca 1994, m'ndime 19, aletsa kuika munthu m'ndende cifukwa ca kulephera kukwaniritsa pangano. Ndipo ndime 42 ilamula kuti womangidwa aonekere ku khoti asanapite maora 48. Mau ofanana ndi oyambawo ali m'ndime 11 ya pangano la maiko la ufulu wa anthu, la caka ca 1966, limene Malawi analowamo m'caka ca 1993. Lamulo la apolisi la caka ca 2010 linakhazika bungwe loima palokha lomva madandaulo a anthu pa apolisi, ngakhale bungwelo linacedwa zaka zoposa 10 lisanayambe nchito. Lamulo la malo a makolo la caka ca 2016 linatsegula njira yakuti banja lilembetse malo ace, kuti asaperekedwe m'dzina lace ilo losadziwa. Makolo athu ogwidwa cifukwa ca tikiti sanaone zimenezi ngakhale m'maloto.

Koma lamulo lolembedwa silisintha mtima. Cifukwa ninji ife tithamangirabe kwa apolisi ndi nkhani za ngongole? Cifukwa khoti licedwa, ndipo lifuna ndarama za samani ndi maulendo, pamene citolokosi cibala ndarama usiku umodzi: acibale a womangidwa agulitsa mbuzi, kapena njinga, kapena akongola katapila, kuti mnzao aturuke. Kodi ici sindico cikole ca masiku a Jumbe? Tidandaula kuti akuru a cuma abwera ndi apolisi m'minda yathu, koma ife tomwe, mnansi akacedwa ndi ndarama za matumba awiri a mpunga, ticita cimodzimodzi. Ambuye wathu anaphera fanizo la kapolo amene anakhululukidwa mangawa akuru, naturuka, nakaponya mnzace m'ndende cifukwa ca mangawa ang'ono. Ndipo Yohane Mbatizi, pofunsidwa ndi asilikari, sanawauze kuti aleke nchito yao, koma kuti aleke kuopsa anthu ndi kuwanamizira, nakhutire ndi malipiro ao. Mau awiriwa akwanira onse, woitana ndi woitanidwa.

Cifukwa cace tipempha akuru a mpingo, aphunzitsi ndi mafumu kuti aphunzitse anthu zinthu zocepa izi. Pangano liri lonse la ndarama kapena la malo lilembedwe, pakhale mboni za mbali zonse ziwiri, ndipo munthu asadinde cala pa kalata imene sanamuwerengere m'cinenero cace. Pa nkhani ya dimba afunsidwe mkazi ndi ana omwe, pakuti ndiwo adya za m'menemo. Mlimi wa nzimbe afunse pepala loonetsa zonse zimene amcotsera, nalisunge. Mkangano ukabuka, uyambe kwa ankhoswe ndi kwa mfumu, ndipo ukakanika upite ku khoti. Wosauka afunse thandizo ku Legal Aid Bureau, imene Boma linaikira anthu otere. Ndipo amene amangidwa cifukwa ca ngongole yokha alembe tsiku, ora ndi dzina la womgwira, nakadandaule, pakuti wamva m'mimba ndiye atsekula citseko.

Ku Nkhunga nyumba ya apolisi ndi bwalo la milandu zonse ziripo, ndipo ziri ndi makomo awiri osiyana. Zinatenga zaka zoposa 100, kuyambira pa zombo za Jumbe kufikira pa malamulo a 1994, kuti mtundu wathu ulembe kuti wolephera kubweza alowe pa khomo laciwiri. Tsono mnansi wanu akacedwa ndi ndarama zanu caka cino, kumbukirani agogo anu amene anagona pa Boma cifukwa ca masilingi 3, ndipo muyambe mwapita kwa mtsibweni wace.